Phiri la Moto la ku Nyampande

Nkhani iyi ndakhala ndikuifotokoza mwatheka kwa zaka zambiri. Pamaukwati ndi pamene aphunzitsi opuma ntchito takumana, ndimanena mbali ya chitedze ndi kabudula, anthu nkuseka mpaka kupukuta misozi. Mbali inayo ndimaimeza. Lero ndati ndiilembe yonse, poti ambiri amene anaiona ndi maso anatsogola kale, ndipo inenso sindili kutali ndi khomo.

Inali nthawi ya Chitaganya, atsamunda akadali kulamulira. Ndinali nditangomaliza kumene maphunziro a uphunzitsi pamene ananditumiza ku kasukulu ka mishoni m'dera la Nyampande, m'boma la Petauke. Kwathu ndi ku Katete. Ndinatsika lole ndi sutikesi yachitsulo, makabudula oyera awiri, masokosi ofika m'mawondo, ndi mapu aakulu okulunga amene ndinkawanyamula paphewa ngati mfuti. Sukulu yake inali yofolera ndi udzu, ana akukhala pa mipando youmba ndi dothi.

Samu ndinkaphunzitsa chifukwa ndinali wolembedwa ntchito, koma mtima wanga unali pa Jogalafe, makamaka mapiri. Ndinkatha kuwatchula maso ali chitsinzinire. Mulanje wa ku Nyasalande amene nsonga yake imabisala m'mitambo, Inyangani wa kum'mwera kutsidya la Zambezi, mtandadza wa Muchinga kuseri kwa Luangwa, Mafinga kumpoto, ndi Kilimanjaro wa ku Tanganyika amene amati pamutu pake madzi anauma gwa chifukwa cha kuzizira. Mwa mapiri onsewo panalibe ngakhale limodzi limene ndinaliponda. (Kunena zoona, ngakhale phiri la kwathu ku Katete sindinalikwerepo. Amayi ankati ndine wofooka pachifuwa.) Ndinalinso ndi buku lina limene ndinalilandira ngati mphotho ku koleji. Pakati pake panali chithunzi cha phiri la moto la ku Kongo, likulavula utsi ndi chiphalaphala, tianthu tikuthawa m'munsi manja ali kumutu. Tsamba limenelo linachita kuda ndi zala zanga.

Kuseri kwa sukulu kunali phiri. Silinali lalitali kwenikweni, munthu wamphamvu akanalikwera m'mawa nkubwerera dzuwa lisanafike pamutu. Linaima lokha pakati pa minda, losongoka ngati denga la nkhokwe, ndipo chakumtunda kunali miyala yakuda. Nditafunsa dzina lake anandiuza kuti ndi Lupili. Ndinalemba mosamala m'kope, ndipo panapita mwezi ndisanadziwe kuti m'Chinsenga mawuwo amangotanthauza phiri basi. Pamapu anga panalibepo ngakhale kadontho. Zinandipweteka ngati andinyoza ine.

Utsi ndinayamba kuuona mwezi wa Ogasiti. Unali wochepa, woonda ngati ulusi, ukutuluka pakati pa miyala yakuda ija m'mawa ndi madzulo. Poyamba ndinati ndi alenje a mbewa akutentha tchire. Koma moto wa tchire umayenda ndipo umasiya lupsa, pamene uwu unkatuluka pamalo amodzimodzi, tsiku ndi tsiku. Ndikafunsa anthu, aliyense ankayang'ana kwina.

"Ni utsi chabe, aphunzitsi," ankatero, nkuyamba kundifunsa za mitengo ya nsalu ku Katete.

Kenaka tsiku lina masana, ndikuchonga masileti, dziko linagwedezeka pang'ono. Choko chinagwa patebulo, nkhuku zinalira, agalu anauwa, basi nkutha. Zivomezi zotere zimachitika kumeneko nthawi ndi nthawi chifukwa cha chigwa cha Luangwa, ndipo amayi amene ankasinja pafupi sanaleke nkomwe kusinja. Koma ine ndinathamangira pasutikesi, ndinatsegula buku pa tsamba lakuda lija, ndinayang'ana chithunzi, ndinayang'ana phiri. Mantha analipo, koma ndisaname, chimwemwe ndiye chinali chachikulu.

Munthu woyamba kumuuza anali a Daka, mkulu wa mpingo amene ankasunga makiyi a tchalitchi ndi a sukulu. Anali nkhalamba yowerama msana, yotsokomola, imene paunyamata wake inakumba golide ku Sasare. Ndinawapeza akusema mpini pansi pa mtengo wa mango. Anandimvetsera mpaka ndinamaliza, anayang'ana chithunzi changa mozondotsa, nkundibwezera.

"Aphunzitsi, ine nakhala pansi pa nthaka zaka zambili ku Sasale," anatero. "Miyala niidziwa. Iyo ya pa Lupili ni yozizila kuyambila kale. Mulibe moto muja."

"Nanga utsi, bambo?"

"Utsi ni utsi."

"Utsi sufuka popanda moto."

"Eya, mwanena zoona. Ndipo moto ulionse uli na mwini wake." Anapitiriza kusema kwa kanthawi, kenaka anaika kasemasema pansi nkundiyang'ana m'maso, chinthu chimene sankachita kawirikawiri. "Mwana wanga, ndimwe mlendo. Phunzitsani ana kuwelenga. Lupili musiyeni."

Munthu wanzeru akanamva kuti mkuluyo akundipempha, osati kunditsutsa. Ine ndinachoka ndikumvera chisoni anthu osaphunzira.

M'mawa mwake ndinaika pambali ndondomeko yonse ya maphunziro. Ndinatuma ana kukatapa dothi pachulu, tinaumba kaphiri pabwalo la sukulu, pamwamba pake tinaboola dzenje. Ndinaikamo makala amoto ndi udzu wouma, ndipo kuti phunziro limveke bwino ndinathirako parafini wa m'nyali yanga. Lawi linatuluka ndi mkokomo nkundipserezera nsidze zonse ziwiri. (Sizinamerenso bwino. Amene amandidziwa angachitire umboni.) Ana anafuula, ine ndinalimba mtima. Ndinawauza za miyala yosungunuka yoyenda ngati phala, za phulusa lophimba dzuwa, za midzi yokwiririka. Pomaliza ndinaloza Lupili ndi ndodo.

"Tsiku limene lidzaphulike, chamoyo chilichonse chili paphiri paja chidzapsa osatsala ngakhale fupa."

Mtsikana wina wa Sitandade 2, dzina lake Esinati Lungu, anayamba kulira. Anali mwana wofatsa, wamutu, amene ankakhala kumbuyo ndipo sankavuta. Sanalire mofuula. Anangogwira pakamwa ndi manja onse awiri, misozi ikudutsa pakati pa zala, maso ali paphiri. Ine ndinaganiza kuti ndaphunzitsa mogwira mtima. Madzulo ake ndinalemba m'buku langa la zokonzekera kuti phunziro linayenda bwino kwambiri.

Nkhani inafalikira. Eni mudzi sanatekeseke, koma panali mabanja atatu obwera, Achewa anzanga ochokera ku Chadiza ndi ku Katete amene anadza kudzafuna minda, ndipo iwowo anandikhulupirira. Banja lina linasamutsa mbuzi zake kupita nazo kwa achibale kufupi ndi msewu waukulu. Lina linaleka kumanga nkhokwe ili pakati. Lamulungu m'tchalitchi mayi wina anapempherera mokweza kuti Mulungu atseke pakamwa pa phiri, ndipo a Daka, amene ankatsogolera mapemphero, anayankha amen wamfupi kwambiri akundiyang'ana ine. (Tsopano ndikuganiza kuti pakamwa pamene iwo ankapempherera panali pena.)

Ndiye ndinalemba kalata. Ndinalembera wansembe amene ankayang'anira masukulu a mishoni m'dera lonselo, mzungu wonenepa, wodziwa Chinyanja kuposa mmene ine ndinkadziwira Chizungu. Komabe ndinalemba m'Chizungu, masamba anayi, ndi mawu aatali onse amene ndinkawadziwa. Ndinapempha kuti a Boma adziwitsidwe, anthu asamutsidwe, ndipo phirilo lilembedwe pamapu. Ndinaonjezanso kuti poti lilibe dzina lenileni, akuluakulu angaganizire za amene analitulukira.

Abambo wansembe aja anafika pa mthuthuthu wawo Lachisanu lina mu Okutobala, fumbi lili m'ndevu. Kalata yanga inali m'thumba mwawo. Anati sanaitumize ku Boma, akufuna ayambe aona okha, ndipo m'mene ankanena choncho milomo yawo inkavutika kubisa chinachake. Anaitana a Daka kuti atiperekeze. Mkuluyo anakana kawiri, akuti msana, koma ataona kuti tipita ndithu anavala jekete yake nkutenga ndodo. Ine ndinavala kabudula woyera wosita, masokosi, ndi nsapato zopaka polishi. M'thumba la malaya ndinaika kagalasi koyezera kutentha kwa thupi la wodwala kamene ndinabwereka kwa dokotala wa kumudzi. Ndinkafuna kukapima nako moto wa pansi pa dziko.

Titafika patsinde pa phiri, pamene kanjira kamayamba kukwera, tinapeza mayi atasenza mtsuko wa madzi, m'manja muli kadengu kovundikira ndi nsalu, mwana ali kumbuyo. Anali amake Esinati. Atationa anatula mtsuko nkugwada pakati penipeni pa njira.

"Abambo, aphunzitsi, musakwele," anatero. "Kumwamba kuli njuchi. Mailo, dzulo lomweli, zinaluma munthu."

"Njuchi sizitulutsa utsi, amai," ndinayankha ine, ngakhale sanafunse ine ndekha.

"Ni ofula uchi amene asonkha moto."

"Miyezi itatu, m'mawa ndi madzulo, pamalo amodzi? Ndiye kuti uchi wake ndi dziwe."

Ndinaseka ndekha. A Daka ankayang'ana pansi. Abambo ankayang'ana mtsuko, ndipo nkhope yawo inali itasintha. Iwo anali atadzifunsa kale funso limene ine, katswiri wa Jogalafe, sindinadzifunse, lakuti kodi munthu amasenzeranji madzi kupita nawo kuphiri. Anayamba kunena kuti mwina tipume kaye pamthunzi tikambirane. Ine ndinaopa kuti nkhalamba ziwirizi zindilanda ulemerero. Ndinalambalala mayiyo, ndinasiya kanjira, nkulowa m'thengo molunjika kumene kunali utsi.

"Aphunzitsi, osati uko!" a Daka anafuula.

Amene anakulira kumudzi akudziwa chitedze cha mu Okutobala, pamene nyemba zake zauma ndipo ubweya wake ukungodikira kamphepo. Ine ndinalowa m'chitsamba chonse chathunthu, ndikukankha ziyangoyango ndi manja, mutu uli m'mwamba kufuna utsi. Ndinayenda mapazi ngati makumi awiri ndisanamve kanthu. Kenaka zinayamba m'mawondo, zinakwera m'ntchafu, zinalowa m'kabudula, zinafika m'khosi ndi m'khwapa. Moto umene ndinkaufuna pansi pa dziko ndinaupeza pathupi panga. Ndinakanda ndi zikhadabo, ndinakanda ndi mwala, ndinadzikhula pamtengo ngati ng'ombe. Malaya ndinavula ndikuthamanga. Kabudula ndinamuvula nditaima ndi mwendo umodzi pathanthwe lotsetsereka, ndipo nsapato zanga zopaka polishi zinachita zimene nsapato zotere zimachita pathanthwe. Ndinatsetsereka chagada, ndinagubuduka kawiri, ndinagwera pa mchenga pakati pa miyala ikuluikulu, nditavala masokosi ndi nsapato imodzi basi.

"Lowani," anatero mawu a mwamuna, "ngakhale kuti mwafika kale."

Ndinali pakhomo pa phanga. Munthu anakhala pamphasa chakumdima, atafunda bulangete lakale ngakhale kunali kotentha. Sanaseke.

"Lekani kukanda, muchilowetsa mkati. Sendelani kuno."

Ndinasendera ndikuvina. Iye anawerama pambali pa moto, anatapa phulusa lozizira losakaniza ndi mchenga, nkutambasula manja kuti andikhule kumsana. Apo ndi pamene ndinaona manja ake. Anatapa phulusalo ndi zikhatho ziwiri chifukwa zala zambiri panalibe, panangotsala tizitsa. Ndinayang'ana nkhope yake, mphuno yophwanyika, mawanga otuwa pamphumi. Linali khate.

Mbali imene ndimaimeza pamaukwati ndi iyi. Ndinabwerera m'mbuyo. Ndinali wamaliseche, ndikulira ngati mwana, munthu akufuna kundithandiza, ndipo ine ndinadumpha ngati ndaona njoka. Iye anaona. Manja ake anakhala m'malere kanthawi, kenaka anakhuthula phulusalo pamwala pakati pa ife awiri.

"Tengani nokha," anatero mofatsa. "Khulani mwamphamvu, kutsata kumene ubweya wagona."

Ndinadzikhula thupi lonse mpaka ndinatuwa ngati chinyau. Kuyabwa kunayamba kuchepa, maso nkuyamba kuona. Panali mafuwa atatu ndi chikuni chimodzi chikunyeka pang'onopang'ono, zinangwa ziwiri zili paphulusa. Utsi unkakwera kudenga la phanga, nkulowa mumng'alu wa mwala, nkukatulukira pamwamba pakati pa miyala yakuda. Limenelo ndilo linali phiri langa la moto.

"Ndimwe aphunzitsi a mwana wanga," anatero. "Ine ndine Lungu, atate ake Esinati. Anabwela kuno tsiku lija akulila, ati atate tsikani, phili lizaphulika. Masiku atatu sanadye. Ninamuuza kuti nitsike niyende kuti? Kumudzi amalume ake a mkazi wanga anakana kuti nikhale. Kwathu ni kutali, kupitilila Nyimba, ndipo kulibe wotsala wonisunga." Kenaka anandiyang'ana. "Lomba niuzeni zoona, imwe amene munaphunzila. Ine usiku nimvela ngati pansi palila. Lizaphulika?"

Sankandinyoza. Ankafunsadi. Munthuyo anali atagona masabata angapo pamwamba pa bodza langa, akudikira kupsa.

"Ayi, bambo," ndinayankha. "Siliphulika."

"Zikomo," anatero. "Mukamuuze mwana."

Abambo ndi a Daka anafika kudzera kanjira kabwinobwino kamene ine ndinakasiya, amake Esinati ali pambuyo pawo. Wansembe atandiona anatulutsa kaphokoso kamodzi pamphuno, koma maso ake atazolowera mdima wa m'phanga kuseka kunathera pomwepo. A Daka anavula jekete nkundiponyera osandiyang'ana. Ndinaimanga m'chiuno ndi mikono yake, nkukakhala pamwala chapatali.

Abambo anakhala pamphasa pomwepo, anagwira manja a Lungu, anawatembenuza, anayang'ana mapazi amene anali ndi zilonda zomangidwa ndi sanza. Ndinamva nkhani yonse ndili pamwala paja. A Lungu anali mkamwini pamudzipo. Matenda ataonekera, akuchikazi anati ukwati uthe, munthuyo abwerere kwawo. Mkazi wake anakana, nati ngati pamudzi sakumufuna, phiri si mudzi. Anagwirizana choncho, ndipo mudzi wonse unapangana kuti alendo asadziwe, chifukwa mkulu wake wa a Lungu anatengedwa kale chifukwa cha matenda omwewo kupita ku msasa wakutali, ndipo sanabwerere ngakhale mtembo. Kwa chaka ndi miyezi mayiyo ankakwera phiri kawiri patsiku ndi madzi ndi chakudya.

"Masiku ano kuli mankhwala akumwa," Abambo anatero. "Ku chipatala cha ku Minga alipo. Zala zimene zinapita sizibwerera, koma matenda amaima. Sindikukakamizani. Koma mvula ikakupezani muno, mapazi awa atha."

"Ku Minga ni kutali kwa munthu wa mwana kumbuyo," anatero amake Esinati. "Pano nimuona tsiku lililonse."

A Lungu anayang'ana mkazi wawo nthawi yaitali. "Chobisika chaoneka," anatero. "Lelo ni Abambo, mailo azakhala ena osafunsa. Bola niyende nekha."

Anatsika patapita masiku awiri, atanyamulidwa pa machila mpaka pamsewu. Mudzi wonse unaima m'mbali mwa njira. Esinati ananyamula mphasa ya atate ake. Ine ndinaonera pazenera la kalasi, chifukwa ndinalibe nkhope yotulukira nayo. Banja lobwera lija linabweza mbuzi zake, ndipo ana a sukulu anandipatsa dzina lakuti a Chiphalaphala, limene linanditsata mpaka ku sukulu zina ziwiri.

Patatha sabata ndinagula tambala nkupita kwa amake Esinati kukapepesa. A Daka anandiperekeza. Ndinakhala pansi pabwalo, ndinanena mawu amene ndinakonzekera, ndipo anali ambiri. Mayiyo anapitiriza kusola mtedza mpaka ndinatha. Tambala sanamuyang'ane. Analowa m'nyumba, anatuluka ndi khasu la mwamuna wake, analiika patsogolo panga.

"Anthu amanena kuti mwamuna wanga sangagwile khasu, koma mbeu anali kunisankhila, mipini anali kunikonzela na mano na mapazi," anatero. "Ine nizayamba kuyenda ku Minga. Munda uli kuseli kwa dambo."

Ndinayang'ana a Daka. Iwo ankayang'ana tambala.

Ndinalima mundawo madzinja atatu. Ndinkadzuka mbandakucha, kulima mpaka belu loyamba, kusamba kudambo, nkukaima pabolodi manja ali ndi matuza moti choko ndinkachigwira ngati nkhanu. Anthu ankadutsa nkundipatsa moni waulemu kwambiri, "Mwauka tyani, aphunzitsi," kenaka ndinkamva kuseka kuseri kwa chulu. Sindinadandaule. Amake Esinati ankayenda wapansi kupita ku Minga mwezi uliwonse, ndipo chaka choyamba sanandilankhule mawu opitirira moni.

Dzinja loyamba lomwelo, mwana wamng'ono uja amene anali kumbuyo tsiku la kuphiri anadwala chikuku. Anadwala masiku asanu nkumwalira. Tinatumiza munthu panjinga kukauza atate ake, koma mitsinje inali yodzaza, ndipo a Lungu anafika titaika kale dzulo lake. Anakhala pamanda tsiku lonse, nkubwerera kuchipatala osalowa m'mudzi. Akanakhala paphiri akanamva kulira kwa amayi ndi makutu awo, akanatsika, akanamuona mwana wawo. Izi palibe amene anandiuza. Sipanafunike wondiuza.

Anthu ena, pofuna kunditonthoza, amati ndinapulumutsa moyo wa munthu, chifukwa akanakhala m'phanga muja akanafera momwemo. Mwina ndi zoona. Koma ine ndimadziwa chimene ndinakwerera phiri lija, ndipo sichinali chifundo. Ngati munatuluka chabwino, chinatuluka ngati dzungu lomera padzala.

A Lungu anabwerera chaka chachitatu mwezi wa Febuluwale, matenda ataima, atanenepa, akuyenda ndi ndodo ndi nsapato zamatayala zimene anawasokera kuchipatala. Akuchikazi anawalola kumanga kanyumba kumapeto kwa mudzi. M'mawa mwake anabwera kumunda, kumene anandipeza ndikupalira. Ndinaima, khasu lili m'manja. Iwo anayenda pang'onopang'ono kuchokera kumtunda mpaka kumunsi kwa munda, akuyang'ana chimanga, akuyang'ana mizere, mkazi wawo ali pambuyo. Atabwerera pamene ndinaima anagwedeza mutu.

"Aphunzitsi, mizele iyi mwalima ndimwe?"

"Ndine, bambo."

"Yonse yokhota. Mulima monga munthu amene ayang'ana kumwamba."

Amake Esinati anaseka. Kanali koyamba kuwamva akuseka, ndipo anaseka mpaka anakhala pansi pamzere. Ndinati ndikonza chaka chamawa. A Lungu anati ndisavutike, chimanga chabereka, ndipo khasu lawo akulifuna.

Ndinaphunzitsa zaka zambiri pambuyo pake, ku Nyimba ndi kwina, ndipo ndinayesetsa kumvetsera akulu akamandiuza kuti chakuti chisiyeni. Sindinganene kuti ndinakhoza nthawi zonse. Tsopano ndili ndi kamunda kuseri kwa nyumba kamene ndimalima ndekha, ndipo mizere yake ndi yokhotabe. Akazi anga amati ndi maso aukalamba. Ine sindiwatsutsa.